TIWERENGE MBIRI YATHU: MABUKU A MWAZI, A CHIKONDI NDI A MAKOLO

Awa ndi mau amene analankhulidwa pa msonkhano wa nthambi yathu. Mlembi wawasindikiza onse kuti amene anali kumunda, kumaliro kapena paulendo amve nao.

 Tithokoza kuti mwasiya makasu ndi mitondo yanu ndi kudzakhala pano. Lero sitilankhula za mtengo wa feteleza kapena za mlatho umene unakokoloka. Komiti inatituma kuti tilankhule za mabuku. Tidziwa kuti ena mwayamba kale kung'ung'udza mumtima kuti, "Kodi buku nkudyera nsima?" Tapirirani pang'ono, muyankhe nokha pamene tatsiriza.

Chaka ndi chaka pa 15 Januwale timapuma kukumbukira John Chilembwe, ndipo pa 3 Malichi timapumanso kukumbukira amene anafa pomenyera ufulu. Nkhope ya a Chilembwe iri pa ndalama zimene tigulira mchere, ya Mai Rose Chibambo chimodzimodzi. Koma tafunsani mwana wa sukulu, kapena ife akulu tomwe, kuti chinachitika nchiani pa Magomero, anafa ndani pa Nkhata Bay, anawapha ndani, ndipo chifukwa ninji. Ambiri tingoyang'ana pansi. Maina tiri nao, koma nkhani yake tinataya. Tsono mtundu umene wataya nkhani yake, aliyense wa pakamwa pozuna angathe kudza ndi kuuuza bodza lirilonse, iwo nuombera m'manja.

Mabuku amene tifuna kukuuzani tawaika m'miulu itatu. Mulu woyamba ndi wa nkhanza zochitika chifukwa cha khungu. Wachiwiri ndi wa chikondi cha mwamuna ndi mkazi. Wachitatu ndi wa mbiri ndi miyambo ya makolo. Poyamba muyesa kuti miulu iyi siyenderana, koma mlandu wake ndi umodzi. Amene analanda munda sanalekere pamunda pokha ai. Analowanso m'nyumba nalekanitsa mwamuna ndi mkazi wake, ndipo potsiriza anatiuza kuti makolo athu analibe mbiri.

MABUKU A MWAZI

Tiyambe ndi buku la Landeg White lotchedwa Magomero, limene linatuluka mu 1987. Buku limeneli silitsata mafumu akulu kapena Abwanamkubwa a ku Zomba. Litsata malo amodzi, Magomero, pafupi ndi Chiradzulu, kuyambira 1859 kufikira 1985. Liyamba ndi masiku a ukapolo, pamene mu 1861 David Livingstone ndi Bishopu Mackenzie anamasula akapolo 84 pamudzi wa Mbame nakakhala nao pa Magomero. Apa pomwe tiphunzirepo choona chowawa: amene anali kugwira anthu ndi kuwamanga magoli anali akuda anzathu, ogulitsa kwa amalonda a kunyanja yamchere. Buku labwino silibisa zimenezi, ndipo ifenso tisabise.

Patapita zaka, malo omwewo anasanduka esiteti ya banja la Bruce, mkamwini wa Livingstone. Kukula kwake kunali maekala opitirira 150,000. Taganizani, munthu mmodzi wokhala ku Scotland kukhala mwini wa mapiri, mitsinje, madambo ndi manda a anthu osawerengeka! Ambiri amene analima thonje ndi fodya pamenepo anali Alomwe othawa nkhanza za Apwitikizi ku Mozambique. Pokhala alendo opanda kothawira, anavomera thangata. Papepala thangata inali miyezi iwiri: mwezi umodzi wolipira malo, wina wolipira msonkho wa nyumba. Koma akapitao ndi Bwana ndiwo anali kuwerenga masiku, kotero miyezi iwiriyo inali kutambasuka kufikira inai, isanu, pena kuposa, ndiponso m'nyengo ya dzinja pamene munthu ayenera kupalira munda wake. Malipiro nthawi zina anali masamba a fodya m'malo mwa ndalama. Chikoti chinali pafupi. Woyang'anira esitetiyo, William Jervis Livingstone, anatentha nyumba zopemphereramo zimene anthu a mpingo wa a Chilembwe anamanga pamalopo.

Mau akuti thangata ndi athu. Kale anali kutanthauza kuthandizana pa ntchito, monga tichitira pa dima. Mmalawi mnzathu J. A. K. Kandawire analemba buku mu 1979 lofotokoza m'mene mau okoma amenewa anapotozedwera kufikira anasanduka dzina la goli. Thangata wa pa maesiteti anathetsedwa ndi lamulo mu 1962. Alipo pakati pathu amene makolo ao anamugwira.

Za a Chilembwe eni ake, buku lalikulu ndi Independent African, lolembedwa ndi George Shepperson ndi Thomas Price mu 1958. Shepperson anaphunzira chinenero chathu kwa asilikali a kuno amene anali nao pa nkhondo ya ku Burma. M'bukuli muwerenga m'mene a Chilembwe anapitira ku America ndi Joseph Booth mu 1897, naphunzira ku Lynchburg m'chigawo cha Virginia, kumene anaona ndi maso ao m'mene anthu akuda a kumeneko anali kukhalira pansi pa tsankho. Anabwera mu 1900 nayambitsa Providence Industrial Mission pa Mbombwe. Kwa zaka zoposa khumi ntchito yao inali sukulu, ulimi, ukhondo ndi mapemphero. Nkhondo ya Ajeremani itayamba mu 1914, anthu akuda atafa pa Karonga, analemba kalata ku nyuzi ya Nyasaland Times kudandaula kuti amphawi akufera nkhondo imene siiri yao. Boma silinamve.

Usiku wa pa 23 Januwale 1915 anthu ao anauka. Pa Magomero anapha William Jervis Livingstone namdula mutu, naphanso Azungu ena awiri. Akazi ndi ana a Azungu sanawaphe, pakuti a Chilembwe analetsa. Gulu lina linapita kukafuna mfuti ku Mandala mu Blantyre, koma linapeza zochepa. Pa 3 Febuluwale a Chilembwe anaomberedwa akuthawira cha ku malire a Mozambique. Tsono imvani kubwezera kwake. Azungu anafa atatu. Anthu akuda amene Boma linawapha ataweruzidwa anali pafupifupi 40, ndipo pakati pao panali John Gray Kufa, wothandiza madotolo ndi mkulu wa mpingo, ndi Duncan Njilima, munthu wa malonda. Ena pafupifupi 300 anaponyedwa m'ndende. Ena anaomberedwa m'tchire popanda mlandu kuzengedwa, midzi inatenthedwa, ndipo tchalitchi chachikulu cha njerwa cha pa Mbombwe anachiphulitsa ndi onga. Mishoniyo inakhala yotseka kufikira 1926 pamene Dr. Daniel Malikebu anadzaitsegulanso.

Pali buku lina limene tilikonda chifukwa analemba ndi munthu wa kuno. George Simeon Mwase, kalaliki wa ku Utonga, ali m'ndende ya Zomba cha m'ma 1931 ndi 1932, anamva nkhaniyi kwa mkaidi mnzake Wallace Kampingo, amene anali nao pa kuukirako, nailemba. Mapepala ake anagona m'nyumba yosungira makalata a Boma zaka zoposa 30, kufikira Robert Rotberg anawasindikiza mu 1967 ndi dzina lakuti Strike a Blow and Die. Akatswiri ena akaika zina zimene Mwase analemba, pakuti iye sanaone ndi maso. Izi zisakuopseni. Pabwalo la milandu mboni sizinena chimodzimodzi, ndipo mfumu yanzeru imamva zonse isanagamule. Mabuku muziwerenga chomwecho.

Ndipo mu 2015, patatha zaka 100, John McCracken anasindikiza Voices from the Chilembwe Rising. Umu muli mau eni eni a mboni zimene zinaima pamaso pa bungwe lofufuza limene Boma linakhazikitsa kuukirako kutatha. Muli Azungu a maesiteti, amishoni, mafumu, ndiponso anthu ophunzira a kuno monga Abusa Harry Matecheta ndi Stephen Kundecha, Joseph Bismarck ndi Mungo Chisuse. Chodabwitsa nchakuti mboni zambiri zakuda zinadandaula za chipewa. Munthu wakuda akakumana ndi Mzungu panjira anayenera kuvula chipewa, ndipo akazengereza anali kumkalipira kapena kummenya, chikhalirecho Mzunguyo sabweza moni. Wina anganene kuti chipewa nkanthu kakang'ono. Koma nkhanza za tsankho zimayamba ndi tinthu totere, tsiku ndi tsiku, kufikira womenya azolowera kuti amene akummenyayo si munthu. Mfuti imadza pambuyo.

Mwazi sunaleke mu 1915. Mu 1953, chaka chimene Chitaganya chinayamba, anthu 11 anaphedwa pa zipolowe zimene zinabuka ku Thyolo ndi madera ena a kum'mwera, ndipo gwero lake linali malo ndi thangata yemweyo. Pa 3 Malichi 1959 Bwanamkubwa Robert Armitage analengeza lamulo la nthawi yoopsa, nati atsogoleri a Congress anapangana zopha Azungu. Anthu oposa 1,000 anamangidwa, ena ku Kanjedza, ena ku Khami ndi ku Gwelo m'dziko la Southern Rhodesia. Pa doko la Nkhata Bay khamu linasonkhana kufuna abale ao amene anatsekeredwa m'sitima ya Mpasa, ndipo asilikali anaombera. Lipoti la woweruza Patrick Devlin, limene linatuluka mu Julayi chaka chomwecho, linawerenga anthu 20 ophedwa pa dokopo ndi 51 m'dziko lonse. Anthu a ku Nkhata Bay amati anafa oposa pamenepo. Devlin anapeza kuti chiwembu chija sichinali monga Boma linanenera, nanenanso poyera kuti dziko lino linasanduka lolamulidwa ndi apolisi. Boma la ku London linakana mau akulu a lipotilo, koma linali litasindikizidwa kale, ndipo mlandu suola. Wofuna kuona zonsezi pamodzi awerenge A History of Malawi, buku la McCracken la mu 2012.

MABUKU A CHIKONDI

Tsopano tifike pa mulu wachiwiri. Taona anyamata kumbuyoko ayamba kumwetulira. Mwetulirani ndithu, koma tcherani khutu, pakuti nkhaniyi njolemera.

Mwambo wa ambiri a ife ndi chikamwini. Mnyamata akakonda msungwana, ankhoswe akamvana, iye amakamanga nyumba kwao kwa mkazi, napatsidwa munda pamenepo. Tsono mu 1928 Boma linapanga lamulo la anthu okhala pa maesiteti. Mwa lamulo limenelo mwamuna wochokera kunja wokwatira mwana wamkazi wa pa esiteti analibe ufulu wokhalapo popanda chilolezo cha mwini esiteti, ndipo mwana wamwamuna akakula ufulu wake wokhala pamalopo unali kutha. Mwaona kodi? Ukwati umene kale anali kuumanga ankhoswe ndi eni mbumba, tsopano unali kudikira mau a Bwana. Pa maesiteti ena akazi amasiye ndi osakwatiwa anali kuwagwiritsa thangata iwonso. Ichi ndicho tinena kuti wolanda munda analowa m'nyumba.

Msonkho unachita chimodzimodzi. Kuti apeze ndalama, amuna ananka ku Halale ndi ku migodi ya ku Joni, ena pansi, ena ndi Wenela. Ambiri anabwera ndi njinga ndi masutikesi. Ena anabwera ndi chifuwa. Ena sanabwere konse, ndiwo aja tinawatcha machona. Ndani pano alibe agogo amene anadikira kalata zaka khumi? Wenela analeka kutenga anthu kuno mu 1974 ndege itagwa ku Francistown niipha amuna athu oposa 70, koma ulendo wa ku Joni sunathe, ndipo amai odikira alipo m'midzi yathu lero lomwe. Legson Kayira, uja anayenda pansi kuchoka kwao kumpoto kufikira ku Sudan pofuna sukulu, analemba nthano yotchedwa Jingala mu 1969. Ndi nkhani ya mkulu wina amene kale anali wokhometsa msonkho, amene anamsungira kamsungwana kuti akakula adzamkwatire, koma msungwanayo anathawa ndi mnyamata wobwera ku migodi. Muwerenge ndipo mutsutsane: analakwa ndani? Makolo kodi, mkuluyo, kapena msungwana? Funso la kukwatitsa ana aang'ono silinachoke pakati pathu.

Koma mabuku a chikondi amene atigwira mtima koposa si nthano ai, ndi mbiri zoona. Mai Rose Chibambo, amene anasonkhanitsa amai pa nkhondo yokana Chitaganya, anamangidwa mu 1959 atangobereka kumene, nalowa m'ndende ndi khanda kumsana, amuna ao a Edwin Chibambo ali omangidwa kale. Mwanayo anamutcha Gadi, dzina lokumbutsa alonda a ndende. Mai Chibambo anamwalira mu 2016, koma asanamwalire anafotokoza moyo wao kwa Timwa Lipenga, ndipo buku lake, Lomathinda, linatuluka mu 2019. Likanapanda kulembedwa, mau onsewo akanapita nao kumanda.

Linanso ndi Fearless Fighter, limene Mai Vera Chirwa analemba za moyo wao mu 2007. Anakwatiwa ndi a Orton Chirwa mu 1951. Onse awiri anamangidwa ndi Atsamunda mu 1959. Ufulu utadza, nduna zitasemphana ndi Dr. Banda mu 1964, anathawira ku Tanzania. Pa 24 Disembala 1981 anagwidwa cha ku malire a Zambia, naweruzidwa m'bwalo la mafumu popanda loya wowaimira, ndipo mu 1983 anagamulidwa kuti aphedwe. Chilangocho chinasinthidwa kukhala ndende moyo wonse. Anakhala m'ndende imodzi ya Zomba, koma osaonana zaka zisanu ndi zitatu. Anawalola kukumana kamodzi mu 1992 pamene maloya a ku Britain anadzayendera, ndipo patangopita masabata owerengeka, pa 20 Okutobala, a Orton anamwalira m'ndendemo. Mai Vera sanaloledwe kupita kumaliro a amuna ao. Anatuluka mu Januwale 1993.

Abale, buku ili tilitchula dala pakati pa mabuku a nkhanza za Atsamunda. Ndende imene Mzungu anamanga, ife tinaigwiritsa ntchito pa abale athu Mzunguyo atapita. Chikoti sichisankha dzanja. Wowerenga mbiri ya mwazi nangophunzirapo kudana ndi khungu loyera, ameneyo sanamve kanthu. Booth, Shepperson ndi Devlin anali Azungu. Ambiri mwa asilikali amene anasaka a Chilembwe m'tchire anali akuda. Mdani amene mabuku awa atisonyeza ndiye ulamuliro uliwonse umene uyesa munthu ngati chiweto, ngakhale wolamulayo akhale wa mtundu wanji.

Titchule buku limodzi la kwa anansi athu, pakuti Boma la London limene linali kulamula kuno ndi lomwelo linali kulamula kumeneko. Susan Williams analemba Colour Bar mu 2006, mbiri ya Seretse Khama, mwana wa mfumu ya Bamangwato ku Bechuanaland, amene anakwatira Ruth Williams, mkazi wachizungu, mu London mu 1948. Anthu ake atakambirana pabwalo lao ku Serowe anamvomera pamodzi ndi mkaziyo. Koma Boma la South Africa, limene mu 1949 linaletsa ndi lamulo ukwati wa Mzungu ndi munthu wa khungu lina, linakwiya, ndipo Britain pofuna kulikondweretsa anampitikitsa Seretse m'dziko lake mu 1950. Anabwerera mu 1956 atavomera kusiya ufumu. Mu 1966 anakhala Pulezidenti woyamba wa Botswana, mkazi wake ali pambali pake. Taonani, maboma awiri amphamvu kunjenjemera chifukwa cha ukwati umodzi! Tsankho limaopa chikondi, pakuti anthu awiri akadya m'mbale imodzi bodza lakuti wina ndi wochepa silikhalitsa.

MABUKU A MAKOLO

Mulu wachitatu ndiwo umene uyankha bodza lija lakuti tinalibe mbiri. Ndipo pano tinyadire, pakuti olemba ake ambiri ndi athu, ndipo analemba m'zinenero zathu pamene pepala linali losowa.

Yohanna Abdallah, wansembe wa Chiyao, anasindikiza Chiikala cha Wayao mu 1919. Abusa Yesaya Chibambo analemba mbiri ya Angoni a kumpoto, imene inatuluka m'Chingerezi mu 1942. Bambo E. W. Chafulumira analemba Mbiri ya Amang'anja. Bambo Samuel Josiah Ntara, mphunzitsi wa Mishoni ya Nkhoma, analemba Nthondo mu 1933, buku limene linapata mphotho pa mpikisano wa olemba a mu Africa nilitembenuzidwa m'Chingerezi chaka chotsatira. Pambuyo pake analemba Mbiri ya Achewa. Nanga nkhanizo anazitenga kuti? Sanazitenge ku London ai. Anazitenga kwa nkhalamba za m'midzi, zonga zimene zakhala pa mphasa pano lero. Bambo J. W. Gwengwe analemba Kukula ndi Mwambo mu 1965, m'mene muli maleredwe a mwana, za kumphala, za chitomero ndi za ukwati. Anyamata amene munamwetulira aja, yambani ndi limeneli, muone kuti makolo anali ndi njira yao yofunsirana, yaulemu, yokhala ndi mboni.

M'masiku athu ano Dr. Yusuf Juwayeyi anakumba pansi pa Mankhamba, pafupi ndi Mtakataka, pamene panali likulu la Kalonga, nalemba zimene anapeza m'buku la mu 2020. Anapeza mikanda yagalasi yochokera kutsidya la nyanja yamchere, zidutswa za mbale za ku China, mkuwa, ndi minyanga ya njobvu yosema. Ndiko kuti zaka mazana Livingstone asanabadwe, makolo athu anali kusula, kusema ndi kuchita malonda ndi maiko akutali. Ku mapiri a Chongoni ku Dedza kuli malo 127 a zojambula pamiyala, amene bungwe la UNESCO linawalemba m'kaundula wa chuma cha dziko lonse lapansi mu 2006. Kachisi wa Mbona ali ku Khulubvi m'boma la Nsanje, ndipo Bambo Matthew Schoffeleers analemba mbiri yake m'buku la River of Blood mu 1992. Alendo amakwera ndege kudzaona zimenezi. Ife eni ake tingodutsa pa basi tikugona.

Wina afunsa kuti mbiri ya makolo ikhudzana bwanji ndi mwazi uja. Yankho lake liri pa malo. Munthu wosadziwa kuti agogo ake anafika liti pamalo, anapatsidwa ndi mfumu iti, malire anali mtengo uti kapena khwawa liti, ameneyo munda wake uli pa ngozi. Azungu oyamba anatenga maiko athu ndi mapepala amene mafumu sanathe kuwerenga, posinthana ndi nsalu, mikanda ndi mfuti zochepa. Lero wodzalanda malo sabwera ndi chikoti, abweranso ndi pepala. Womyankha ayenera kukhala ndi pepala lake.

ZOYENERA KUCHITA IFE

Pali chinthu chimodzi chomvetsa chisoni. Ambiri mwa mabuku a mulu woyamba ndi wachiwiri ali m'Chingerezi, anasindikizidwa kunja, ndipo mtengo wake ngwokwera. Anthu amene makolo ao anakhetsa mwaziwo ndiwo sanawawerenge. Ndiponso mabukuwo sananene zonse. Makalata ambiri a Boma anapsa pamene maofesi a ku Zomba anagwira moto mu 1919. Otsalawo analembedwa ndi olamula, ndipo wolamula salemba dzina la mai amene nyumba yake inatenthedwa. Zotsala ziri m'mitu ya nkhalamba zathu. Munthu amene anali ndi zaka 15 mu 1959 lero wapitirira zaka 80. Maliro alionse amene tiika, taika buku limene silinalembedwe. Chifukwa chake Komiti ipempha zinthu zinai.

Choyamba, tisonkhe pang'ono pang'ono tigule mabuku, ndipo Mlembi akafunse ku nyumba ya mabuku ya pa boma za amene tingabwereke. Tiyambe ndi a m'chinenero chathu, a Bambo Ntara ndi a Bambo Gwengwe, pakuti amenewo aliyense amva.

Chachiwiri, kamodzi pa mwezi tizikhala pansi pa mtengo, mmodzi wodziwa Chingerezi aziwerenga mutu umodzi ndi kumasulira, enafe tizifunsa ndi kutsutsa. Aphunzitsi opuma ntchito amene muli pano, ntchito yanu ndi imeneyi. Wosadziwa kuwerenga asachite manyazi, pakuti makutu ali nao, ndipo kawirikawiri ndiye adziwa pamene buku laphonya.

Chachitatu, mudzi uliwonse ukhale ndi kope lake. Anyamata ndi asungwana a sukulu apite kwa agogo, agwade mwaulemu, afunse: mudzi uno unachokera kuti? Anagwira thangata ndani, pa esiteti iti? Ananka ku Halale osabwera ndani? Mu 1959 kuno kunachitika zotani? Munafunsirana bwanji ndi agogo aamuna? Lembani dzina la wonena ndi tsiku. Amene ali ndi foni ajambule mau, koma alembenso papepala, pakuti foni imatayika. Musaiwale amai. M'mabuku ambiri olankhula ndi amuna, chikhalirecho amene anatsala ndi ana, nalima, nadikira, ndi amai. Mafumu athu, tikupemphani kuti makope amenewa azisungidwa kwa inu, ndipo mutsegulire anawa khomo.

Chachinai, zimene tidzapeza zisakhale nkhuni zokolezera udani. M'kopemo mudzatuluka kuti agogo a uje anali kapitao wa chikoti, kapena kuti a uje anali kuulula anzao kwa Bwana Disi. Lembani choona, koma mdzukulu sasenza mlandu wa agogo ake. Mlomwe, Myao, Mngoni, Mchewa, Mtonga, Msena, Mtumbuka ndi ena onse, goli linali limodzi pa makosi athu.

Ndipo mau otsiriza kwa abambo: buku la nthambi si lopichira fodya, si loyatsira moto, ndipo si lotsekera botolo la palafini. Mulisunge kutali ndi chiswe ndi denga lodontha, ndipo mukatha mubweze kuti mnzanu awerenge.

Akuluakulu anati mau a akulu akoma akagonera. Mau a Mwase anagonera zaka zoposa 30, a mboni za mu 1915 anagonera zaka 100, ndipo lero tikuwamva. Nkhalamba zathu sizingadikire motero. Amene mufuna kutenga kope, onanani ndi Mlembi msonkhano ukatha, mutchule mudzi wanu ndi agogo amene mudzayambire.